Vasily Shukshin: kodi kusewera n'kumene kunamuphunzitsa kulemba?

Wazisudzo_Ndirande analemba:

Moni nonse. Ndili ndi funso lomwe landisowetsa tulo sabata yonseyi, ndipo ndikudziwa kuti muno muli akuluakulu amene munakhalako ku Russia.

Ine ndakhala ndikuchita zisudzo kwa zaka 9 m'gulu lathu la achinyamata. Timasewera m'maholo a tchalitchi, m'masukulu, mwinanso pabwalo la mpira kukakhala msonkhano. Sikiripiti amatilembera ena, ife n'kuloweza. Chomwe chimandipweteka n'chakuti nthawi zambiri mawuwo sakhala bwino m'kamwa. Mwezi wathawu anandipatsa gawo la bambo amene mwana wake wamwalira, ndipo papepala panali ndime yaitali yoti ndiime n'kumafotokoza mmene mtima ukundiwawira. Kuloweza ndinaloweza, koma poyeserera lilime linkakana. Ndinawaonapo ine bambo anga aang'ono pamaliro a mwana wawo ku Thyolo. Sanalankhule za chisoni ngakhale kamodzi. Anangokhala pachitsa kuseri kwa nyumba, chipewa pabondo, ndipo aliyense wodutsa ankamufunsa ngati nkhuni zakwana.

Ndili ndi zimenezi mumtima, mnzanga wina ananditumizira filimu ya ku Russia ya 1974 yotchedwa Kalina Krasnaya. Ili pa YouTube, ndipo ndinaionera pafoni usiku, ndikuwerenga mawu a Chingerezi olembedwa pansi. Ndi nkhani ya Egor Prokudin, mbava yomwe yatuluka kundende n'kupita kumudzi kwa mayi wina, Lyuba, amene ankalemberana naye makalata ali mkaidi. Pali malo amodzi amene ndawabwereza mwina kakhumi. Egor akupita ndi Lyuba kwa gogo wina wokhala yekha, akunama kuti ndi wachibale wa mnzake. Iye wavala magalasi akuda, wakhala kumbuyo, wangoti chete. Lyuba ndiye akufunsa mafunso. Gogoyo akufotokoza za ana ake amene anamwazikana, za mwana amene sakudziwa ngati ali moyo. Atatuluka, akuyenda pang'ono pagalimoto, kenako Egor akuimika, akuthamangira pakachulu, akudzigwetsa pansi n'kumamenya nthaka ndi chibakera, akulira kuti amenewo ndi amayi ake. Kumbuyo kwake kukuoneka tchalitchi chakale chopanda anthu.

M'nyumba muja sanatulutse liwu, koma ine misozi inali itayamba kale.

Ndaona kuti amene akusewera Egor ndi yemwenso analemba nkhaniyo ndi kutsogolera kujambula kwake, dzina lake Vasily Shukshin. Funso langa ndi ili: kodi munthuyu anayamba ngati wosewera kenako n'kudzakhala wolemba? Anadutsa njira yanji? Ndipo kodi n'kusewerako kumene kunamuphunzitsa kudziwa pamene munthu ayenera kukhala chete? Ndikufunsa chifukwa nanenso ndikufuna kuyamba kulemba, koma ndikuopa kuti wosewera ndi wosewera basi.

Mkulu_wa_ku_Chipata anayankha:

Mphwanga, wandikumbutsa kutali. Ine ndinaphunzira za makina a ulimi ku Soviet Union m'zaka za m'ma 1980, ndipo filimu imeneyi ndinaionera koyamba pa TV ya m'chipinda chochezera kuhositelo. Chirasha changa chinali chisanakhwime. Mnyamata amene ndinkagona naye chipinda chimodzi anali wochokera ku Siberia, munthu wamanja ngati fosholo, wosakonda kulankhula. Pamalo omwe ukunenawo anadzuka n'kutuluka panja. Atabwerako maso ali psu, ndipo usiku umenewo anandifotokozera za Shukshin mpaka tiyi kuzizira. Nditayamba kuwerenga bwino ndinagula buku la nkhani zake, lomwe ndili nalobe ngakhale chikuto chinathothoka.

Shukshin anabadwa pa 25 Julayi 1929 m'mudzi wa Srostki ku Altai, dera la ku Siberia, m'mbali mwa mtsinje wa Katun. Bambo ake, a Makar, anamangidwa mu 1933, nthawi imene boma la Stalin linkakakamiza alimi kulowa m'minda ya gulu, ndipo anawomberedwa. Mwanayo anali asanakwanitse zaka 4. Mpaka atakula ankagwiritsa ntchito dzina la kwa amayi ake, Popov, chifukwa dzina la bambo linali loopsa kulitchula. Bambo ake omupeza anafera kunkhondo mu 1942. Ndiye ukamaona gogo uja m'filimu akuwerenga ana ake otayika, dziwa kuti wolembayo sanachite kumva kwa anthu.

Analowa sukulu ya zamagalimoto ku Biysk koma sanamalize. Anachoka kwawo, anagwira ntchito zamanja m'mafakitale ku Kaluga ndi ku Vladimir, ndipo mu 1949 analowa usilikali wapamadzi, komwe anali wotumiza mauthenga pawailesi. Anamutulutsa mu 1953 chifukwa cha zilonda za m'mimba, matenda omwe sanamusiye moyo wake wonse. Atabwerera ku Srostki anaphunzitsa Chirasha pasukulu ya achinyamata a m'mudzimo. Mu 1954, ali ndi zaka 25, anapita ku Moscow n'kulowa VGIK, sukulu yaikulu ya zamafilimu, m'kalasi ya Mikhail Romm. M'kalasi yomweyo munali Andrei Tarkovsky, yemwe anadzatchuka potsogolera mafilimu, mwana wa mlakatuli wa mumzinda. Tangoganiza anthu awiriwo atakhala benchi imodzi, wina wakulira m'mabuku, wina wabwera ndi jombo za usilikali.

Tsono pafunso lako. Anthu anayamba kumudziwa ndi nkhope. Akadali pasukulu anaoneka pang'ono chabe m'filimu ya Sergei Gerasimov, ngati msilikali wapamadzi wosuzumira pampanda. Kenako Marlen Khutsiev anamupatsa gawo lalikulu mu Dva Fyodora ya 1958, ya msilikali wobwera kunkhondo amene akutola mwana wamasiye. Kuchokera apo otsogolera mafilimu anayamba kumulimbirana, chifukwa nkhope yake inali ya munthu weniweni wa kumudzi, ya masaya otuluka, maso ang'onoang'ono, nsagwada zogwira. Anasewera m'mafilimu oposa 20. Ndalama zodyera zinkachokera kumeneko. Filimu yoyamba yaitali imene analemba yekha ndi kuitsogolera inatuluka mu 1964, Zhivyot takoy paren, ya dalaivala wa lole wokonda kucheza pamsewu wa Chuysky kwawo ku Altai. Gawolo sanasewere yekha, anapatsa mnzake Leonid Kuravlyov, ndipo filimuyo inakalandira mphoto ku Venice m'gawo la mafilimu a ana ndi achinyamata.

Choncho kwa ife oonera, inde, anali wosewera amene anadzakhala wolemba. Ndipo ine ndikhulupirira kuti kuima pamaso pa kamera zaka zonsezo, n'kumatafuna mawu olembedwa ndi ena, kunamuphunzitsa zomwe iwe waphunzira ndi ndime yako ya maliro ija.

Dzina la filimuyo likunena za kalina, kamtengo kobala tizipatso tofiira m'magulumagulu. Ndinalawapo. N'towawa kwambiri, timayamba kukomako chisanu chikatimenya, ndipo amayi a kumeneko amatisinja ndi shuga kusungira chimfine.

NaBanda_mphunzitsi anayankha:

Zikomo bambo a ku Chipata, mwatipatsa zambiri. Koma pamodzi ndisiyana nanu, ndipo ndikufuna achimwene a ku Ndirande amve bwino, chifukwa akangotenga kuti kusewera kumabala kulemba, adzadikira mpaka imvi.

Onani chaka cha 1958 chomwe mwatchulacho. Chaka chomwecho chimene anaoneka mu Dva Fyodora, magazini ya Smena inasindikiza nkhani yake yaifupi yoyamba. Ku VGIK sanalowe kukaphunzira kusewera, analowa kukaphunzira kutsogolera mafilimu, ndipo Romm ataona zolemba zake anamulangiza kuti azizitumiza kumagazini osiyanasiyana, ikabwezedwa kuno aitumize uko. Filimu yake yomalizira sukulu mu 1960 anailemba yekha, kuitsogolera yekha, n'kuseweramonso. Mu 1963 buku lake loyamba la nkhani zazifupi linatuluka, ndipo chaka chomwecho Novy Mir, magazini yolemekezeka kwambiri panthawiyo, inasindikiza nkhani zake. Ziwiri mwa nkhanizo n'zimene anazilumikiza kupanga filimu ya dalaivala ija. Ndiye cholembera sichinabwere pambuyo pa kamera. Zinkayendera limodzi, kungoti nkhope imatchuka msanga kuposa dzina la pansi pa nkhani.

Analemba nkhani zazifupi zoposa 100 m'moyo waufupi chonchija, pamwamba pa mabuku awiri aatali. Ankalemba m'makope wamba a ana asukulu, m'mahotela, m'sitima, kukhitchini usiku ana atagona, ndi khofi ndi fodya. Ntchito imeneyo palibe gawo la sewero limene likanamugwirira.

Ndikupatseni chitsanzo cha mmene ankaganizira. M'filimu yake yachiwiri, Vash syn i brat, muli mnyamata wotchedwa Stepan amene wabwera kumudzi kuchokera kundende. Mudzi wonse wasonkhana, akumwa, akuimba. Madzulo wapolisi akufika, ndipo zikudziwika kuti Stepan wathawa, atatsala ndi miyezi itatu yokha kuti amasulidwe. Wapolisiyo sakumvetsa, akumufunsa kuti wachitiranji zopusa chonchi. Yankho lake n'lakuti anapukwa kwawo, ankalota mudzi, tsopano wauona ndipo apirira zomwe amuwonjezere. Nzeru yotere siichokera pa kudziwa kuima bwino pa siteji. Ichokera pa kukhala nawo anthu otero, kuwamvetsera mpaka kudziwa kuti munthu angathe kutaya zaka chifukwa cha tsiku limodzi la pakhomo pa amayi ake. Anthu ake ambiri ndi otere, ochita zinthu zimene anzeru a mumzinda amaziona ngati kuzerezeka.

Chimene ndivomereza n'chakuti kusewera kunamunolera khutu pa kalankhulidwe. Anthu ake amadula mawu pakati, amayankha zomwe sanafunsidwe, amabisa nkhani yaikulu pansi pa nkhani yaing'ono. Wolemba amene sanayambe wanenapo mawu ake mokweza samva kuti chiganizo chatalika kuposa mpweya wa munthu.

Ndinenenso chimodzi chomwe chimandikhumudwitsa mwa iye, popeza ndine mayi. Akazi ambiri m'nkhani zake ndi olongolola, okonda ndalama, opondereza mwamuna wa mtima wofewa. Akakhala abwino, ndi opirira mopitirira muyeso ngati Lyuba, amene ntchito yake ndi kudikira ndi kukhululuka. Lidiya Fedoseyeva, mkazi wake weniweni, anasewera gawolo mogwira mtima, koma ndimalakalaka Lyuba akanakwiyako tsiku limodzi. Achimwene, mukamadzalemba, amayi a m'sewero lanu adzakhale ndi zawozawo zowadetsa nkhawa, osangokhala potsamira amuna.

Ndipo si zonse zinamuyendera. Filimu yake ya 1969, Strannye lyudi, yomwe anaisoka kuchokera ku nkhani zitatu, sinakope anthu ngati zinzake. Nkhani yokoma papepala siisanduka filimu yokha.

Wazisudzo_Ndirande anayankha:

Bambo a ku Chipata ndi inu mayi NaBanda, zikomo kwambiri. Ndawerenga kawirikawiri. Mayi, mawu anu andilasa, chifukwa zoona zake ine ndinkafuna wina andiuze kuti zaka 9 zanga zandikonzekeretsa kale. Kope ndilibe n'limodzi lomwe.

Koma ndiloleni ndibwerere kwa gogo uja, chifukwa pamenepo ndikuonabe dzanja la wosewera. Ndaonanso dzulo, ndipo gogoyo sakuoneka ngati akusewera. Maso ake sakusaka kamera, mawu akutuluka mosakonzeka, pena akumwetulira pamalo pomwe wosewera aliyense akanalira. M'kamwa mulibe mano. Manja ali pamiyendo, akungosisita nsalu. Ife pa siteji timaphunzitsidwa kuti chisoni chioneke mpaka kumpando wakumbuyo, ndiye timakweza mawu, timagwira pamtima. Gogoyu akunena zoopsa ngati akunena za mtengo wa mchere. Kodi anali katswiri wa kumeneko? Ngati anali katswiri, ndiye sindinaonepo wina womuposa.

China chomwe ndinaona ndi mmene Egor amalankhulira ndi mitengo ija ya makungwa oyera. Akuisisita, akuitcha akwati, akuifunsa ngati yatopa kudikira. Ndikanakhala ine ndapatsidwa mawu amenewo papepala ndikanati wolemba wapenga, mbava yolankhula ndi mitengo? Koma iye akuwanena monyadira pang'ono, ngati munthu wodziwa kuti akudzionetsera ngakhale palibe womuona. Egor ndi munthu amene moyo wake wonse wakhala akusewera, kundende, kwa anzake akuba, kwa makolo a Lyuba pomwe akuwanamiza kuti anali wowerengera ndalama. Ndiye pakachulu paja n'pamene sewerolo likumuthera. Ine ndikuona kuti munthu wosadziwa kuvala nkhope ya wina sakanalemba munthu wotere.

Mkulu_wa_ku_Chipata anayankha:

Waona bwino mphwanga. Gogoyo sanali wosewera ayi. Dzina lake anali Efimiya Bystrova, mayi wa m'mudzi wina kudera la Vologda kufupi ndi Belozersk, kumene ankajambula filimuyo. Zomwe akunenazo ndi za moyo wake womwe. Fedoseyeva anakhala naye n'kumamufunsa, kamera ya Anatoly Zabolotsky ikujambula. Apa ndi pamene mayi NaBanda ndi ine tingakumanirane: wolemba anali atalemba kale malowo, koma atamva mayi weniweni akulankhula, analola mawu a mayiyo alowe m'malo mwa ake. Olemba ambiri sangalole zimenezo, amakonda ziganizo zawo ngati ana obala okha.

Mayi NaBanda akunena zoona kuti cholembera chinalipo kuyambira pachiyambi. Ngakhale Kalina Krasnaya inayamba yatuluka ngati nkhani yowerenga m'magazini ya Nash Sovremennik mu 1973. Analemberanso ena: filimu ya Nikolai Gubenko ya msilikali wobwera kunkhondo ndi mkono umodzi, sikiripiti yake ndi ya Shukshin. Koma pali mbali ina ya moyo wake yomwe imandiwawa, ndipo uyenera kuidziwa usanayambe ulendowu.

Filimu imene ankaifunitsitsa kuposa zonse sanaijambule. Inali ya Stepan Razin, mtsogoleri wa ma Cossack, ankhondo okwera akavalo a kumtsinje wa Don, amene anaukira mfumu ya ku Moscow mu 1670 n'kuphedwa mu 1671. Shukshin anayamba kuilemba m'zaka za m'ma 1960, anayenda m'mbali mwa Volga ndi Don kufunafuna malo ojambulira, ndipo Razin ankafuna kumusewera yekha. Akuluakulu oyang'anira mafilimu ankangomuzengereza. Ankati ndi yodula kwambiri, ankati muli nkhanza zochuluka. M'dziko lija situdiyo zonse zinali za boma, kunalibe kwina kokapempha ndalama. Atatopa anaisandutsa buku lalitali, lomwe linatuluka m'magazini ya ku Siberia mu 1971. Ndiye taona, munthu amene nkhope yake inkadziwika dziko lonse, amene chaka chomwecho analandira mphoto ya boma chifukwa cha kusewera, sanathe kutsegula chitseko chimodzi chimenecho.

Kalina Krasnaya itatuluka mu 1974 inaoneredwa ndi anthu oposa 60 miliyoni. Chaka chomwecho anavomera gawo la msilikali Lopakhin m'filimu ya nkhondo ya Sergei Bondarchuk, yochokera m'buku la Mikhail Sholokhov, ali ndi chiyembekezo chakuti akamaliza amulola kuyamba Razin. Ankajambula kumtsinje wa Don kufupi ndi Kletskaya, ndipo osewera ankagona m'sitima yapamadzi yotchedwa Dunai. Pa 2 Okutobala 1974 mnzake Georgi Burkov, yemwe uja akusewera mkulu wa akuba amene akuphetsa Egor, anamupeza atamwalira m'chipinda chake. Mtima unaima. Anali ndi zaka 45. Malo ochepa omwe anatsala anamalizitsa wosewera wina, Yuri Solovyov, ndipo mawu anaikamo Igor Yefimov. Ukadzaonera filimuyo, dziwa kuti liwu ukulimvalo si lake.

Anamuika kumanda a Novodevichy ku Moscow, ndipo anthu anabwera ndi nthambi za kalina. Mnzanga wa ku Siberia uja anandiuza kuti amayi ake, omwe sanapiteko ku Moscow chibadwire, analira ngati wamwalira mlongo wawo.

Ukapeza mpata onera Pechki-lavochki ya 1972, yomwe iye akusewera woyendetsa thirakitala wopita ndi mkazi wake kunyanja pasitima ya pamtunda. Kumapeto kwake wakhala pansi paphiri la Piket pamwamba pa Srostki, wopanda nsapato, akusuta. Paphiri lomwelo anaikapo chipilala chake mu 2004, atakhala chimodzimodzi, mapazi ali pamtunda, ndipo chaka chilichonse mu Julayi anthu amasonkhana pamenepo kuwerenga nkhani zake.

NaBanda_mphunzitsi anayankha:

Za gogoyo zandigwira mtima, bambo. Koma zandipatsanso funso lomwe silindichoka: mayiyo anapereka chisoni chake chenicheni, ndipo anthu mamiliyoni analira nacho m'nyumba zoonetsera mafilimu, iye n'kutsala m'kanyumba kake komweko. Achimwene a ku Ndirande, mukamakatenga mawu a bambo anu aang'ono, kawapempheni kaye.

Wazisudzo_Ndirande anayankha:

Ndamva mayi. Loweruka ndinakwera minibasi kupita ku Thyolo. Ndinawapeza akusenda nsungwi zomangira nkhokwe, ndipo ndinawauza zonse, za sewerolo, za chitsa chija, za nkhuni. Anakhala nthawi osayankha, mpeni uli m'manja. Kenako anati iwo sakumbuka n'komwe kuti ankafunsa za nkhuni. Chomwe amakumbuka n'chakuti nsapato za mwanayo zinali pakhonde, ndipo ankaopa kuti wina azisuntha. Anandilola, koma anati dzina la mwana lisatchulidwe.

Pobwerera ndinagula kope la masamba 80 pa Limbe. Ndime yaitali ija ndaichotsa yonse. Tsopano bamboyo wakhala pachitsa, nsapato zazing'ono zili pambali pa chitseko, ndipo mawu ake m'gawo lonselo ndi atatu okha. Mlamu wake akubwera ndi tsache kudzasesa pakhonde, akuwerama kuti anyamule nsapatozo, bamboyo n'kunena kuti, "Zisiyeni pomwepo, mlamu."

Amene amatilembera sanakondwe, akuti oonera akumbuyo sadzamva kanthu ndipo adzayamba kucheza. Mwina akunena zoona, holo yathu ndi yaikulu ndipo tilibe zokuzira mawu. Tagwirizana kuti Lachitatu tiyeserere njira zonse ziwiri pamaso pa amayi a kwaya, iwo ndiwo anene. Bambo a ku Chipata, buku lanu lothothoka chikutolo, kodi muli nkhani ya Stepan uja? Ngati ilimo, mungandifotokozereko mmene wapolisiyo akuyankhira pomaliza?